Za Mano Athu: Mswachi wamagetsi, ndigule uti?

FUNSO

Mayi, ndine kalaliki ku Nchalo. Mng'ono wanga ali ku Johannesburg ndipo akubwera pa Khirisimasi. Wati andigulira mswachi wamagetsi chifukwa ndinamudandaulira kuti nkhama zanga zimatuluka magazi ndikamatsuka mano. Wanditumizira zithunzi ziwiri pa WhatsApp: wina ndi wa Oral-B wa kamutu kozungulira, wina ndi wa Philips Sonicare wa mutu wautali. Wachiwiriwu ndi wokwera mtengo. Kuno magetsi amazimazima. Ndisankhe uti, nanga magaziwo asiyadi?

Wowerenga wa ku Nchalo

YANKHO

Bambo, mng'ono wanuyo musamuyankhe msanga kuti uwu kapena uwo. Mufunseni kaye zinthu ziwiri zimene sizikuoneka pa zithunzipo: abweretsa mitu yosinthira ingati, ndipo chaja yake ndi yotani. Miswachi yamagetsi imene ndaiona itangosiyidwa m'nyumba za anthu kuchigwa kuno siinali yoipa ayi. Ina mitu inatha eni ake n'kusowa kogula, ina chaja inapsa. Zimangofanana ndi mjigo wabwinobwino umene umaima miyezi chifukwa chosowa kalabala kamodzi kosinthira.

Tiyambe ndi kusiyana kwa miswachi iwiriyo. Wa Oral-B kamutu kake kamapotokera uku ndi uku mofulumira, ndipo kukula kwake kamangokwana dzino limodzi. Mumakakhazika pa dzino, n'kudikira pang'ono, kenako n'kusunthira pa linzake. Wa Sonicare mutu wake suzungulira. Ubweya wake ndi umene umanjenjemera, ka 31,000 pa mphindi malinga ndi kampani ya Philips, ndipo inu mumangouyendetsa pang'onopang'ono motsata nkhama. Woyambawo ndi waphokoso ndipo umamveka mphamvu m'kamwa. Wachiwiriwo phokoso ndi lochepa koma umagirigisha nkhama ndi milomo masiku oyamba, mpaka ena amaulephera.

Akatswiri a bungwe la Cochrane mu 2014 anasonkhanitsa kafukufuku woposa 50 woyerekeza miswachi yamagetsi ndi yamanja. Anapeza kuti ikadutsa miyezi itatu, wamagetsi umachepetsa litsiro lomata la m'mano ndi 21 peresenti kuposa wamanja, ndipo kutupa kwa nkhama kumachepa ndi 11 peresenti. Phindu lilipodi, koma si lalikulu ngati mmene otsatsa malonda amanenera. Poyerekeza miswachi yamagetsi yokhayokha, ya kamutu kozungulira inaoneka kuti ikuposa pang'ono, koma pang'ono pake mpoti m'kamwa mwanu simungapazindikire. Choncho mtengo wokwera wa Sonicare uja usakupatseni maganizo oti ndiye ukutsukani bwino koposa.

Mukandifunsa ine, ndinganene kuti atenge wa kamutu kozungulira, wa mtengo wapakati. Chifukwa changa n'chakuti kamutu kakang'ono kamafika bwino pa mano akumbuyo kwenikweni, pamene amuna ambiri amene ndimawaona amalephera kufikapo, komanso kamakukakamizani kutsuka dzino limodzilimodzi m'malo mongosesa. Koma ngati mkazi wanu kapena mnzanu wa kuntchito ali kale ndi Sonicare ndipo akudziwa kopeza mitu yake, tengani womwewo osadandaula.

Pali zinthu ziwiri zokha zimene ndimati munthu alipire ndalama yowonjezera. Choyamba, mswachiwo uzikhala ndi kowerengera nthawi, kamene kamagwedeza chigwiriro pakatha masekondi 30 aliwonse n'kukudziwitsani pakakwana mphindi ziwiri. Anthu ambiri amaganiza kuti amatsuka mphindi ziwiri pamene safika n'komwe pa imodzi. Chachiwiri, uzikhala ndi kagetsi kochenjeza mukadinikiza kwambiri. Kwa inu amene nkhama zikutuluka kale magazi, ichi n'chofunika, chifukwa dzanja limene lazolowera kukwecha silisiya lokha. Zina zonse, monga kulumikiza ku foni ndi Bluetooth, kapena mitundu isanu ndi umodzi ya katsukidwe, zisiyeni. Ndalama imeneyo ipite ku mitu.

Mutu umafunika kusintha pakatha miyezi itatu, kapena msanga ngati ubweya wayamba kubalalika. Ndiye kuti pa chaka mufuna mitu 4. Muuzeni mng'ono wanu abwere ndi 8, ya zaka ziwiri, ndipo ikhale ya ubweya wofewa. Aonetsetsenso kuti mituyo ndi ya mtundu wa mswachi womwe wagulawo. Ngakhale mkati mwa Oral-B momwemo, mitu ya mtundu wotchedwa iO silowa pa zigwiriro za mitundu ina, ndipo ya mitundu inayo silowa pa iO. Ya iO ndi yodula kwambiri, ndiye musalole kuti akuguleni umenewo pofuna kukusangalatsani. Kumbukirani kuti zonsezi n'zochokera kunja. Kwacha itagwa ndi 44 peresenti mu November 2023, katundu wotere anakwera nthawi yomweyo, ndipo kukwera mapiri mpaka ku Blantyre kukasaka kamutu kamodzi si ulendo woti munthu wa pamalipiro a pamwezi aziyenda pafupipafupi.

Tsopano za magetsi. Ife a kuno sitiiwala mmene zinalili namondwe wa Ana atawononga malo opangira magetsi a Kapichira mu January 2022, dziko litataya mamegawati pafupifupi 130, magetsi n'kumazima maola ambirimbiri kwa chaka ndi miyezi. Choncho funso lanu n'loona. Mwayi wake ndi wakuti mswachi sudya moto wambiri. Wa batire la lithium ukadzaza umatha pafupifupi masabata awiri mukutsuka kawiri pa tsiku. Otsika mtengo kwambiri amakhala ndi batire la mtundu wakale, limene limatha pa sabata imodzi ndipo kuti lidzaze limafuna usiku wonse n'kupitirira. Magetsi akamabwera maola anayi n'kuchoka, wotereyo sadzaza bwino. Mng'ono wanu awerenge pabokosi, apeze palembedwa lithium.

Magetsi a ku South Africa ndi ofanana mphamvu ndi athu, 230V, ndiye chaja yake sivuta. Chosiyana ndi pulagi. Yathu ndi ya mano atatu amakonamakona, pamene chaja ya mswachi imabwera ya mano awiri ozungulira. Agule adaputala pomwepo. Ndapota nanu, musachite zija timachita ndi machaja a foni zotokosa bowo lapamwamba la soketi ndi kamtengo kapena chivindikiro cha cholembera kuti pulagi ilowe, makamaka poti chinthu ichi mumachigwira ndi manja onyowa. Owerenga ena amene abale awo ali ku America asamale koposa: machaja ambiri a kumeneko ndi a 110V, ndipo mukawabaya kuno amapsa tsiku lomwelo. Tembenuzani chaja muwerenge kunsi kwake. Pakalembedwa 100–240V ndiye kuti ili bwino.

Kutentha kwa kwathu kuno nakonso ndi nkhani. M'mwezi wa October ndi November ku Nchalo ndi ku Ngabu kumapyola madigiri 40, ndipo batire la lithium limakalamba msanga likamakhala pamoto. Musausiye pawindo lowomba dzuwa, m'galimoto yotseka, kapena pamwamba pa khoma pafupi ndi malata pamene ambiri timasungapo sopo. Ngati bafa lanu ndi lakunja, mukatha kutsuka vulani mutuwo, muutsukuluze, mupukute kachitsulo ka pa chigwiriro, n'kukauimika m'nyumba pamthunzi kuti uume. Mukausiya wonyowa, pamene mutu wakumana ndi chigwiriro pamadera ndi kununkha.

Za magazi tsopano, pakuti ndiye nkhani yeniyeni. Nkhama zimatuluka magazi chifukwa m'malire mwa dzino ndi nkhama mumatsalira litsiro lomata lokhala ndi tizilombo. Nkhama zimatupa, zikakhudzidwa pang'ono n'kutuluka magazi. Ambiri akaona magazi amayamba kuzemba malo amenewo, litsiro n'kuchulukirachulukira. Pamenepo mpamene pofunika kutsuka mofatsa tsiku lililonse. Ubweya uloze kumalire kumeneko, osakwecha, mswachi ugwire ntchito wokha. Pakamwa muzipagawa panayi, chigawo chilichonse masekondi 30, kunja kwa mano, mkati, ndi potafunira. Mukamaliza lavulani thovu koma musachukuche ndi madzi, kuti mankhwala olimbitsa mano a fluoride atsale pa mano. Pogula mankhwala otsukira mano yang'anani pa chubu palembedwe muyeso wa fluoride wa pakati pa 1,350 ndi 1,500 ppm. Kutsuka kwa usiku musanagone ndiye kosadumphika, chifukwa m'tulo malovu amachepa ndipo mano amakhala opanda chowateteza.

Mukachita zimenezi, magazi amachepa pakatha masabata awiri, ngakhale ndi mswachi wamanja womwe muli nawo lero. Ndiye musadikire Khirisimasi. Koma lero lomwe tengani kalilole, mutsegule pakamwa, muone kuseri kwa mano apansi akutsogolo. Pamenepo mpamene malovu amatulukira kuchokera pansi pa lilime, ndipo mpamene litsiro limayambira kuuma. Mukaona zachikasu kapena zakuda zolimba gwa, zoti chikhadabo sichingachotse, dziwani kuti palibe mswachi wa mtengo uliwonse umene ungazichotse. Zimenezo timapala ndi zitsulo kuchipatala. Pitani ku chigawo cha mano pa chipatala cha boma chanu akakupaleni, kuti mswachi watsopanowo udzapeze m'kamwa mwayera. Ngati mumasuta fodya, kapena kubanja kwanu kuli matenda a shuga, mukanene, ndipo mukayezetse shuga ulendo womwewo. Matenda a shuga ndi a nkhama amakokana kwambiri, ndipo mano amene timazula kwa anthu a zaka za m'ma 40 ndi 50 ambiri sakhala obowoka, amakhala ogwedera.

FUNSO

Mayi anga anadwala sitiroko chaka chatha ndipo dzanja lamanja silikugwira bwino. Safuna kuti ndiziwatsuka mano, amati sali mwana. M'kamwa mwayamba kununkha. Kodi mswachi wamagetsi ungawathandize? Kwathu kulibe magetsi, tili ndi kasola kotchajira mafoni.

Mwana wawo, Bangula

YANKHO

Achemwali, apa ndiye sindikayika konse: uwathandiza. Mswachi wamagetsi woyamba kutchuka, Broxodent, anaupanga ku Switzerland mu 1954 poganizira anthu ngati mayi anuwa, amene manja awo sangathe kuyendetsa mswachi. Chigwiriro chake n'chonenepa, chosavuta kufumbata, ndipo ndi dzanja lamanzere lomwelo akhoza kungoukhazika pa dzino n'kumasuntha. Mawu awo oti sali mwana muwalemekeze. Munthu amene matenda amulanda zambiri, kutha kudzitsuka yekha m'kamwa ndi chinthu chachikulu kwa iye.

Poti muli ndi sola, funani mswachi wotchajira pa USB, umene ungalowe pamene mumabayapo foni. Ilipo ya mayina osatchuka, yotsika mtengo, ndipo imagwira ntchito, bola mugulire limodzi mitu yake ingapo chifukwa mwina simudzaipezanso. Palinso ya mabatire wamba a AA. Mphamvu yake ndi yocheperapo koma kwa mayi ndi yokwanira. Mukaona kuti ukhala masiku osagwira ntchito, chotsani mabatirewo, chifukwa m'nyengo yotentha amatuluka madzi n'kudya zitsulo za mkati.

Tsiku loyamba musathamangire m'kamwa. Muuyatse, augwire m'manja, aukhudzitse pamlomo, azolowere kunjenjemerako. Azitsuka atakhala tsonga, mutu atauweramitsa pang'ono, beseni lili pamiyendo. Mankhwala muike pang'ono chabe, chifukwa anthu amene anadwala sitiroko ena amatsamwa msanga. Auyatse uli kale m'kamwa kuti thovu lisamwazike. Akamaliza, apempheni mwaulemu kuti muone tsaya la mbali imene inafooka. Nsima ndi ndiwo zimabisala mmenemo iwo osamva, ndipo nthawi zambiri fungo limachokera kumeneko. Chotsani ndi kansalu koyera konyowa kokulunga pachala.

Ngati akumwa mankhwala a BP, dziwaninso kuti ena amaumitsa m'kamwa, ndipo ena monga nifedipine ndi amlodipine amatha kukulitsa nkhama. Asasiye kumwa. Mukaona nkhama zikukwera pa mano, mukawauze adokotala pa tsiku la sikelo yawo.

Ndalama ikavuta, pali njira ina imene ndimaonetsa anthu ambiri. Pitani kwa okonza njinga pamsika wa Bangula mukagule chigwiriro cha labala cha handulo ya njinga, chatsopano. Muchitsuke bwino, mulowetsemo mswachi wamanja, m'mbali mutseke ndi nsalu kuti usagwedere. Dzanja lofooka limagwira bwino chinthu chonenepa chotero.

FUNSO

Ndine mnyamata wa zaka 22. Mano anga ali ndi mawanga ofiirira kuyambira ndili mwana, ndipo anzanga ambiri a m'mudzi mwathu alinso chimodzimodzi. Ndayesa makala, phulusa ndi soda koma sizikusintha. Ndinaona pa Facebook kuti mswachi wamagetsi umayeretsa mano. Ndisunge ndalama ndigule?

Wowerenga wa ku Nsanje

YANKHO

Achimwene, ndalama yanuyo musaitaye. Poti mawangawo munakula nawo ndipo anzanu a mudzi umodzi ali nawonso, ndikuganiza kuti gwero lake ndi madzi. M'madera ena a Nsanje ndi Chikwawa madzi a pansi panthaka ali ndi fluoride wochuluka. Fluoride wochepa amalimbitsa mano, n'chifukwa chake amamuika m'mankhwala otsukira mano, koma bungwe loona za umoyo padziko lonse la WHO limati m'madzi akumwa asapyole mamiligalamu 1.5 pa lita. Mwana akamamwa madzi opyola muyeso umenewu mano ake akupangika, kufikira zaka 8, mtunduwo umalowa m'kati mwa chikuto cha dzino. Sukhala pamwamba poti mungaukweche. Si uve, ndipo aliyense wokusekani kuti simutsuka mano sakudziwa zimene akunena.

Mswachi wamagetsi umachotsa zodetsa za pamwamba zokha, za tiyi, khofi ndi fodya. Makala, phulusa ndi soda musiye lero. Makala ndi phulusa zimapala chikuto cha dzino chimene sichimeranso, ndipo chikapyapyala mano amaoneka achikasu kuposa kale n'kumayayamira mukamwa madzi ozizira. Ndaonapo anyamata a msinkhu wanu atadzikumba mizere m'khosi mwa mano chifukwa cha makala, ena atawonjeza ndi mandimu.

Chithandizo chilipo kwa dokotala wa mano. Mawanga akakhala osazama amapala pang'ono kwambiri pamwamba ndi mankhwala, akakhala ozama amamata pa mano akutsogolo zoyera zofanana ndi dzino. Yambani kuonana ndi a mano pa chipatala cha boma kwanuko, ndipo akaona kuti n'koyenera akutumizani ku Queen Elizabeth ku Blantyre. Chimene mungachitire ang'ono anu n'chachikulu kuposa apa. Kambiranani ndi komiti ya mjigo wanu kuti ipemphe a ofesi ya zamadzi adzayeze madziwo. Kuwiritsa kumapha tizilombo koma sikuchotsa fluoride. Ngati pafupi pali mjigo wina kapena mpopi wa madzi abwino, ana aang'ono azimwa amenewo.

FUNSO

Ndili ndi ana atatu, wa zaka 2, wa zaka 5 ndi wa zaka 9. Kodi angagwiritse ntchito mswachi wamagetsi umodzi? Agogo awo akuti zonsezi n'zachabe, kamtengo ka nimu n'kokwanira.

Mayi wa ku Ngabu

YANKHO

Mayi, chigwiriro chimodzi chikhoza kutumikira nyumba yonse, koma aliyense akhale ndi mutu wake, ndipo muike chizindikiro, kaya kaulusi ka mtundu wake, kuti asasinthanitse. Wa zaka 2 uja asagwiritse ntchito, miswachi yamagetsi ya ana imayambira zaka 3. Ameneyo muzimutsuka nokha ndi kamswachi kofewa, mankhwala ongopaka pang'ono, osaposa kambewu ka mpunga. Wa zaka 5 mankhwala akhale a muyeso wa njere ya nandolo, azilavula osameza, ndipo inu muzibwereza pambuyo pake mpaka atafika zaka 7 kapena 8. Wa zaka 9 ndi amene mswachi wamagetsi ungamukomere kwambiri, chifukwa kowerengera nthawi kaja kamamugwira kuti asathawe msanga. Muonetsetse mano ake akuluakulu akumbuyo, amene anamera ali ndi zaka 6. Makolo ambiri amaganiza kuti ndi mano a ubwana oti adzaguluka, pamene ndi okhalitsa, ndipo ndi amene timawapeza atabowoka koyamba.

Agogo musawatsutse kotheratu. Kamtengo ka nimu kotafunidwa bwino mpaka kufewa kamachotsadi litsiro, ndipo okalamba ambiri kwathu ku Ngabu afika ndi mano awo chifukwa cha iko. Koma iwo sanakule akumwa Sobo, tiyi wa masipuni atatu a shuga ndi mafirizi a malambe pa geti la sukulu. Kamtengo kalibe fluoride, ndiponso kamavuta kufika kuseri kwa mano akumbuyo. Mafirizi a malambe ndi bwemba ali ndi shuga ndi asidi pamodzi, ndipo mwana amayamwa pang'onopang'ono nthawi yaitali. Akamaliza achukuche ndi madzi, koma asatsuke mano mpaka patadutsa theka la ola, chifukwa asidi amakhala atafewetsa pamwamba pa dzino. Nzimbe nazo adye nthawi imodzi pambuyo pa nsima, osati kumangotafuna tsiku lonse.